A Zuze ndi Dalaivala Wokana Kudzuka

A Zuze adamwalira m'mwezi wa Okutobala, nthawi ija dzuwa la kuno ku chigwa limathamangitsira ngakhale mbuzi kunsi kwa ngolo. Uthenga udandipeza ku Ngabu, ndili pabenchi kudikira kuti andilole kuonana ndi anthu a m'chitokosi, pakuti ndiyo ntchito yanga: kuyendera anthu odikira milandu amene alibe loya, ndi kuwathandiza pamene ndingathe. Adandiimbira ndi mayi wina wogulitsa nthochi pafupi ndi kashopu kawo pa boma la Chikwawa. Adati chitseko chidakhala chotseka mpaka dzuwa lili paliwombo, ndipo anthu atalondola kunyumba adakawapeza atakhala pampando wapakhonde, nsapato atavala kale, thupi litazizira.

Pamaliro anthu sadachuluke. Mwana wawo mmodzi yekhayo, Luwiza, amakhala ku Beira, ndipo adafika titaika kale, chifukwa kutentha kwa mwezi umenewo sikudikira wochokera kutali. Mkulu wa mpingo amene adalalikira adati malemuwa anali munthu wofatsa, wokonza mawailesi ndi mafoni. Sadaname. Koma ine ndidachoka kumandako mtima usadakhazikike, chifukwa ntchito imene a Zuze ankaiwerengera koposa palibe adaitchula, ndipo oidziwa tidalipo ochepa zedi.

Kwawo kudali tsidya lija, cha ku Mutarara. Adawoloka nthawi ya nkhondo ya ku Mozambique akali ndi mphamvu zaunyamata, mkazi wawo atabereka Luwiza kumbuyo, iwo atasenza bokosi la zida zokonzera wailesi. Za ulendowo sankakamba. Ukawafunsa ankangoti chimene akukumbukira ndi udzudzu wa ku Marka, n'kusintha nkhani. Adalowa ntchito ku esiteti ya nzimbe, poyamba ngati wokonza mawailesi a alonda ndi masikelo. Makompyuta atafika, iwo ndiwo adali munthu wosaopa kumasula kumbuyo kwake n'kusuzumira, ndipo m'kupita kwa nthawi adawatumiza ku maphunziro a kasungidwe ka umboni wa m'kompyuta. Atapuma pantchito adatsegula kashopu kaja. Nthawi imeneyo mkazi wawo adali atamwalira kale, Luwiza atabwerera ku Mozambique kukakwatiwa.

Masiku ambiri ankakonza mafoni ogwera m'dimba ndi malaputopu a aphunzitsi odzaza ndi mavayirasi. Koma nthawi ndi nthawi kunkabwera wapolisi kapena loya atanyamula diski mu envelopu yomata, ndipo tsiku lotero a Zuze ankabweza makasitomala ena onse. Ntchito yake inali iyi. Umboni wa mlandu ukakhala m'kompyuta, diski yake siyenera kulumikizidwa chisawawa, chifukwa kompyuta iliyonse ikalandira diski imayamba kulembamo tinthu take, mwini wake osadziwa. Choncho pamafunika kukopera diski yonse, ngakhale malo ooneka ngati opanda kanthu, popanda kusintha chilichonse mkati mwake. Ofufuza amagwiritsa ntchito kope, yeniyeniyo n'kubwerera mu envelopu. Pofotokozera anthu ngati ine, a Zuze ankapereka chitsanzo cha khola. Ankati ng'ombe zikabedwa kwa Lundu, munthu wanzeru sathamangira kulowa m'khola n'kumapondaponda; amayamba wavundikira phazi la wakuba ndi beseni, kenako n'kuitana anthu. Wopondapo, ngakhale akhale mwini ng'ombe, wathandiza wakuba.

Anali munthu wa mwambo wakewake. Asadagwire diski ankasamba m'manja, n'kupukuta, n'kugwira chitsulo cha pazenera kaye, akuti kuchotsa timagetsi ta m'thupi. Fani anali nayo imodzi, ndipo ankailozetsa ku makina, iwo thukuta lili chuchuchu m'khosi. M'shopumo simunkalowa tiyi kapena chakudya. Nthochi zawo ankadyera panja, ataimirira, akuyang'ana msewu. Anthu ankawalankhula Chichewa chosakaniza ndi Chisena, koma makina ankawalankhula Chipwitikizi, chapansipansi, ngati munthu wonyengerera mwana wodwala kuti ameze mankhwala. Sindidawamvepo akukweza mawu. Akakana chinthu ankangoti nkhabe, ayi wa m'Chisena, kamodzi, n'kupitiriza zimene akuchita.

Nkhabe ameneyu ndiye adawadanitsa ndi anthu. Amuna ansanje ankabwera ndi mafoni a akazi awo, atawabera m'chikwama, kuti a Zuze awatsegulire mauthenga ofufutidwa. Ankawabweza onse. Mmodzi, munthu wodziwika pamsika, adayendayenda n'kumauza anthu kuti m'dala wa Chisenayo sadziwa kanthu, amangonamizira. A Zuze atamva adati ndi bwino azitero, chifukwa mbiri yotereyi ichepetsa obwera ndi mafoni a eni. Adakanganaponso kwa nthawi yaitali ndi wometa tsitsi woyandikana nawo, amene sipika yake inkanjenjemeretsa khoma. Ankati diski ikamazungulira sifuna kugwedezedwa. Wometayo ankati ndi ukalamba chabe. Sadamvane mpaka wometayo adasamukira ku Nchalo pa zifukwa zake, ndipo chodabwitsa n'chakuti iye atachoka, a Zuze ankafunsa anthu kawirikawiri ngati pali amene wamuona.

Mkangano umene unkawapweteka unali wa Luwiza. Mwanayo ankafuna kuti bambo ake asamukire ku Beira, akakhale pafupi ndi zidzukulu. Iwo ankati manda a mkazi wawo ali kuno, ndipo kwawo kuja kulibe amene angawazindikire. Chaka china Luwiza adawatumizira laputopu yatsopano kuti azionana nawo pankhope akamacheza. A Zuze adailandira, adathokoza pafoni m'Chisena kuti takhuta, n'kuikankhira kunsi kwa bedi ili m'katoni mwake. Adandiuza kuti nkhope za zidzukulu pagalasi zingangowakumbutsa kutalika kwa njira.

Ine ndidawadziwa bwino chifukwa cha mlandu wa Petulo, chaka chija madzi adasefukira n'kugumula msewu wa m'mapiri wokwera ku Blantyre.

Petulo anali wa kabaza, bambo wa ana awiri, wokhala cha ku Dyeratu. Tsiku lina m'bandakucha munthu wina wa njinga yamoto adakhapidwa mumsewu, njinga yake n'kutengedwa. Anthu atafika adapeza wovulalayo ali chikomokere, pambali pake pali njinga yakapalasa ya Petulo. Apolisi atapita kwawo adakamupeza atabisala m'chimbudzi, malaya ali magazi okhaokha. Iye ankati adangompeza munthuyo atagona, adayesa kumudzutsa, kenako mantha adamugwira n'kuthawa. Palibe adakhulupirira. Wovulalayo adapita naye ku chipatala chachikulu asakulankhula, ndipo Petulo bwalo lidamukaniza belo.

Moyang'anana ndi malowo padali sitolo ya zitsulo ndi simenti imene inali ndi kamera yoyang'ana kumsewu, yosunga zithunzi m'kompyuta. Ndidavutika kuti apolisi akatenge diski ya kompyutayo, ndipo pamene ankaitenga, mwini sitolo adachenjeza kuti makina ake akadzaza amayamba kufufuta zakale, ndipo zithunzi za tsikulo zidatsala pang'ono kudyedwa. Kutumiza diskiyo kwa akatswiri a mumzinda kukadatanthauza kudikira miyezi, msewu nawonso udali utaduka. Bwalo lidalola kuti a Zuze akopere diskiyo pamaso pa sajeni wofufuza mlanduwo ndi ine.

Tsoka lake, mphenzi za mvula yomweyo zidali zitawotcha kompyuta yakale ya a Zuze, imene ankagwirira ntchito imeneyi yokha, pamodzi ndi kabokosi kamene kankatchinga kuti kompyuta isalembe pa diski ya umboni. Ndi mmene laputopu ya Luwiza idatulukira kunsi kwa bedi. Adaikamo pulogalamu yawo yokopera madiski, imene inalinso ndi njira yakeyake yotchingira. Tsiku lopangana, sajeni adabwera ndi envelopu, ine ndili pomwepo. A Zuze adati tisamatule kaye, ayambe ayatsa pulogalamu. Ataidina, pasikirini padatuluka kabokosi ka mawu a Chingerezi konena kuti dalaivala walephera kuyamba.

Adandifotokozera kuti dalaivala ameneyu ndi kapulogalamu kakang'ono kokhala mkatikati mwa kompyuta, kamene kamaima pakati pa pulogalamu yokopera ndi diski. Ndiko kamawerenga diski, ndikonso kamagwira dzanja kompyuta ikafuna kulembamo. Kakapanda kudzuka, pulogalamu yonse imakhala ngati bwato lopanda wopalasa. Sadaoneke kudandaula. Adazimitsa laputopu n'kuyatsanso. Adatsegula pulogalamuyo ndi mphamvu za mwini kompyuta, poti zina zimakana kugwira ntchito popanda chilolezo chimenecho. Uthenga udali womwewo. Adakayang'ana kwa antivayirasi n'kupeza kuti watsekera fayilo ya dalaivalayo pomuyesa mdani. Adaimasula, ife n'kupumira m'mwamba, koma kabokosi kaja kadatulukanso. Dzuwa litapendeka sajeni adanyamula envelopu yake yosamatula n'kubwerera nayo kupolisi.

Mawa lake kudabwera Marita, mkazi wa Petulo, mwana wamng'ono ali kumsana. Adali atamva kwa wina kuti ntchito yaima chifukwa cha dalaivala. Adagwada pakhomo pa shopu, n'kuwomba m'manja.

"Baba, ndamva kuti dalaivala wanu wakana," adatero. "Mlongo wanga ali ndi njinga yamoto. Angakupititseni kulikonse, ngakhale m'madzi momwemo."

Wina akadaseka. A Zuze adadzuka, adamupatsa mpando wawo, iwo n'kukhala pa katoni. Adamufotokozera m'Chisena pang'onopang'ono, akumuonetsa pasikirini. Marita adamvetsera mpaka kumapeto, kenako adafunsa ngati zikutanthauza kuti mwamuna wake akugona m'ndende chifukwa cha kanthu kosaoneka ndi maso. A Zuze adavomera kuti ndi momwemo. Adagwira kaphazi ka mwana uja n'kunena kuti thupi likutentha, apite naye kuchipatala lero lomwe.

Masiku otsatira ndinkadutsa pashopupo m'mawa uliwonse. Magetsi ankabwera n'kuthima mmene afunira, ndipo a Zuze ankatchaja laputopu ndi batire la galimoto lobwereka. Adachotsa pulogalamu yonse pamodzi ndi zotsalira zake zimene zidakanirira mkati, n'kuikamonso mwatsopano. Adalowa malo amene kompyuta imasunga madandaulo ake, n'kumawerenga mzere ndi mzere, magalasi ali pamphuno, chala chikuyenda pasikirini. Kumeneko ndi kumene adapeza gwero lake. Laputopu zatsopano zili ndi chitetezo chimene chimakana madalaivala akale, ndipo pulogalamu yawo inali ya m'nthawi ya kompyuta yopsa ija. Adati ili ngati nkhani ya munthu wobwera pachipata ndi chiphaso chakale: munthuyo ndi yemwe uja, koma mlonda ndi watsopano.

Chitetezocho chinkatheka kuzimitsa, ndipo adachizimitsa. Atayatsanso laputopu, kabokosi kaja sikadatuluke. Dalaivala adadzuka. Ine ndidatulutsa foni kuti ndiitane sajeni, koma adandigwira mkono, nati ayese kaye. Anali ndi diski yakale yoyeserera. Pulogalamuyo ikawerenga diski yonse imatulutsa nambala yaitali, imene iwo ankaitcha chidindo cha chala. Mukasintha kadontho kamodzi kokha mu diskimo, nambalayo imasinthiratu. Chidindo cha diski yoyesererayo ankachidziwa kale. Adailumikiza, adailamula kompyuta dala kuti ilembemo kanthu, kenako adatenganso chidindo. Sichidafanane ndi chakale. Dalaivalayo adali atadzuka, koma pa laputopu yatsopanoyi sankagwira dzanja la kompyuta. Ankawerenga bwinobwino, kutchinga ayi.

Apa ndi pamene tidakangana. Sajeni adabwera ndipo adati iye watopa kuyendayenda ndi envelopu. Adati tingobwezera diskiyo m'kompyuta ya kusitolo, tiyatse, tijambule sikirini ndi foni. A Zuze adamukumbutsa mawu a mwini sitolo, kuti makinawo akangoyaka ayamba kudya zithunzi zakale, ndipo zoyamba kudyedwa ndi zomwe tikufunazo. Sajeni adavomereza zimenezo. Ine ndidati nanga bwanji tikopere pa laputopu yomweyi, poti kuwerenga ikuwerenga, ndipo palibe amene adzailamula dala kuti ilembe. Ndidawauza kuti ndangochokera kundende, kuti m'chipinda cha Petulo anthu akugona mosinthana, kuti matenda otsegula m'mimba alowa.

"Bambo, ngozi mukuiopayi ndi yaing'ono," ndidatero.

"Ndi yaing'ono, mayi, sindikukana," adayankha. "Koma diski ndi imodzi. Ikaonongeka m'manja mwangamu, kapena wina akadzati idakhudzidwa, Petulo akhala zaka. Ine sindingailumikize."

Ndidawauza kuti akusamala makina kuposa munthu. A Zuze adavula magalasi, adawapukuta ndi m'mphepete mwa malaya, n'kunena kuti chofunika ndi pulogalamu ya mtundu watsopano, yokhala ndi dalaivala amene laputopuyo ingamulandire, ndipo akaipeza.

Kuipeza kwake kudali kovuta. Madzi adali atagwetsa mapolo ndi kuzimitsa nsanja za mafoni, moti pa boma netiweki inkangokwanira kutumiza uthenga waufupi. Anthu ankati imagwira bwino m'mapiri, kumene imafika ya ku Blantyre. M'dala wa zaka zoposa makumi asanu ndi limodzi, wa matenda a kuthamanga kwa magazi, adakulunga laputopu ndi foni m'pulasitiki, adakwera kabaza mpaka pamene msewu udathera, adawoloka matope pansi, katundu ali pamutu, n'kuyamba kukwera. Ulendo woyamba adabwerako chimanjamanja. Pulogalamuyo idaduka ili pakati kutsika, batire n'kutha. Adapitanso. Anthu ogulitsa makala m'mphepete mwa msewuwo adayamba kuwazolowera, m'dala wokhala pamwala atafunda thaulo kumutu, foni ataikweza m'mwamba.

Ali pakati pa maulendo amenewa, mwana wa Petulo uja adamwalira. Anali malungo, ndipo chipatala chidali chodzaza ndi anthu a m'misasa ya othawa madzi. Ndidapempha kuti Petulo amulole kukaika mwana wake ngakhale ali ndi unyolo, koma galimoto padalibe, omuperekeza padalibe. Adamva imfayo kwa ine, kudzera pawaya wa malo ochezera. Sadalire. Adangofunsa ngati amuika pafupi ndi agogo ake.

Maliro atatha, Marita adabwera kushopu. Ndidalipo, ngakhale ine ndi a Zuze tinkangopatsana moni wouma masiku amenewo. Ulendo uno sadagwade ndipo mpando adaukana. Adaima padzuwa, kumsana kulibe kanthu.

"Mwana taika dzana. Bambo ake sadamuone," adatero. "Dalaivala wanu wadzuka?"

"Sanadzukebe, mayi," adayankha a Zuze.

Marita adawayang'ana kanthawi, adamanga bwino chitenje chake, n'kutembenuka kumapita. A Zuze adakhala chiimire pakhomopo mpaka mayiyo adazimiririka kuseri kwa msika. Kenako adalowa, adatenga pulasitiki yawo ija, adakiya chitseko, n'kuyamba ulendo wa kumapiri dzuwa lili pamutu.

Pulogalamu yatsopanoyo adatsika nayo sabata yomweyo. Adayatsanso chitetezo chija, adaika pulogalamu, ndipo dalaivala watsopanoyo adadzuka popanda vuto lililonse, ngati sipadachitike kanthu. Adayesa ndi diski yoyeserera, n'kubwereza, n'kubwerezanso, akuilamula kompyuta kuti ilembe. Nthawi zonse inkakanidwa, ndipo chidindo sichidasunthe. Apo ndi pamene adati pyadidi, zili bwino, itanani sajeni. Envelopu idamatulidwa tonse tikuona. Kukoperako kudatenga usana wonse, ife tikuyang'ana kamzere kobiriwira kakukwawa pasikirini, a Zuze dzanja lili pa waya wa batire kuopa kuti ungasunthe. Pomaliza chidindo cha kope chidafanana ndi cha diski yeniyeni.

Zithunzi zidalimo. Zinali zotuwa, koma zinkaoneka. Amuna awiri adatulukira mumdima, adagwetsa wa njinga yamoto, adamukhapa, n'kuthawa ndi njingayo. Msewu udakhala wopanda munthu kwa kanthawi. Kenako padatulukira wa kabaza, adaima, adatsika, adagwada n'kunyamula mutu wa wovulalayo pachifuwa pake. Adayang'ana uku ndi uku, adaugoneka pansi bwinobwino, n'kuthamanga wapansi, njinga ataiiwala. Sajeni adaonera kawiri, adavula chipewa n'kukanda m'mutu.

Tsiku la mlandu a Zuze adavala jekete ndi tayi, kunja kukutentha. Adafika bwalo lisadatsegulidwe, atakonzeka kufotokoza zonse: za dalaivala wakale ndi watsopano, za kuyesa kuja, za chidindo. Adandipempha kuti ndiwafunse mafunso ovuta panja, monga angawafunsire woimira boma, kuti asakachite chibwibwi m'Chingerezi. Mlandu utaitanidwa, woimira boma adaimirira n'kunena kuti aona zithunzi ndipo boma likuchotsa mlanduwo. Woweruza adalemba, adauza Petulo kuti ndi mfulu, n'kuitana mlandu wina wa mbuzi. Palibe adafunsa mmene kopelo lidapangidwira. Palibe adafunsa ngati diski idakhudzidwa. Dzina la a Zuze silidaitanidwe n'komwe. Adakhalabe pabenchi lakumbuyo mpaka bwalo lidapumulira, poganiza kuti mwina awaitana pambuyo pake. Ndidachita kukawauza kuti zatha.

Tikubwerera wapansi, jekete ali nalo pamkono, ndidayesa kuwatonthoza. Ndidati ngakhale tikadakopera tsiku loyamba lija, mapepala a milandu amayenda pang'onopang'ono, ndipo mwina Petulo sakadatulukabe mwana asadamwalire. Zimenezi ndimazikhulupirira mpaka lero. Iwo adati mwina. Adatinso mwina ayi. Adati chimene akudziwa n'chakuti akadalumikiza diskiyo popanda chotchinga, mwachidziwikire sipakadachitika choipa chilichonse, ndipo monga taonera, sipakadakhala wofunsa. Ndidawafunsa ngati ndiye kuti akadachita mosiyana akadadziwiratu. Adayenda mtunda ndithu, kenako adati nkhabe. Koma sadanene monga ankanenera kwa amuna ansanje aja. Adanena ngati munthu wovomera matenda amene sachira.

Kuyambira pamenepo adachepetsa kulankhula. Petulo adabwerera pa kabaza, ndipo ankadutsa pashopupo pafupifupi tsiku lililonse. Ankakweza dzanja, a Zuze n'kukwezanso lawo, koma sadaimepo, ndipo a Zuze akafuna kabaza ankadikira wina. Marita akawaona pamsika ankalowera mzere wina. Iwo sadadandaulepo za zimenezi. Ndidawauza tsiku lina kuti ndingakawakhazike pansi onse, timvane, poti ndi zithunzi zomwezo zidamasula Petulo. Adakana. Adati mayi uja ayenera kukhala ndi munthu womukwiyira, chifukwa madzi ndi udzudzu sungazikwiyire, ndipo ngati munthuyo ndi iwo, palibe vuto.

Laputopu ija sadaibwezere kunsi kwa bedi. Idasanduka makina a umboni, ndipo monga mwa mwambo wawo, makina a umboni saloledwa kuchezerapo kapena kulowa pa intaneti popanda chifukwa cha ntchito. Choncho nkhope za zidzukulu sadazionebe. Luwiza atamva adakwiya, adakhala nthawi yaitali osaimba. Madiski ena adabwerabe, owerengeka, kenako apolisi adayamba kutumiza zonse kumzinda, ndipo a Zuze adatsala ndi mafoni ogwera m'madzi. Komabe Lolemba lililonse ankayatsa pulogalamu ija n'kuyesa ndi diski yoyeserera, kuti tsiku lina envelopu ikadzabwera asadzachedwetsenso munthu. Envelopu siidabwerenso.

Pamaliro pawo Petulo adabwera. Adaima patali, pansi pa mtengo wa msawu, atagwira njinga yake, ndipo adachoka nkhata zisadaikidwe. Marita sadabwere.

Luwiza adakhala kuno masiku ochepa. Zida zina adapatsa achinyamata okonza mafoni pamsika, zina adapakira m'makatoni n'kupita nazo. Mwini nyumba ya shopu ija sadapezebe wolowamo.

Ndidadutsako sabata yatha ndikuchokera kubwalo la milandu. Pachitseko pali loko wamkulu, koma zenera lina galasi lidasweka, moti munthu atha kusuzumira. Chipindacho n'chaching'ono kuposa mmene ndinkachionera ali moyo. Pansi pali timaenje pamene miyendo ya tebulo idadya simenti. Masoketi a magetsi adakalipo, ali mumzere kuzungulira khoma, onse pamwamba kufika m'chifuwa mwa munthu, pamene madzi osefukira sangafike. M'modzi mwa iwo mavu amangamo nyumba yadothi. Fumbi lalowa kunsi kwa chitseko n'kuyala pansi ponse, ndipo mapazi alimo ndi a buluzi okha.

Ndili chiimire, padafika bambo wina wachikulire atanyamula thumba la saka, mkati muli kompyuta. Adati wachokera kwa Malemia, ndipo wina adamuuza kuti pa boma pali m'dala wa Chisena wodziwa kutulutsa zinthu mu diski yakufa. Muli zithunzi za malemu mwana wake. Ndidamuuza kuti m'dalayo adamwalira. Adayang'ana loko, adayang'ana thumba lake, n'kufunsa ngati pali wina. Ndidati mwina ku Blantyre. Adagwedeza mutu, koma sadachoke. Adatula thumbalo pakhonde bwinobwino, adakhala pansi pambali pake n'kutsamira chitseko chotsekacho, nati adikire kaye dzuwa lipendeke.